Gemu Yophwanya Magalimoto pa Laputopu Yotopa: Mafunso ndi Mayankho pa za Mavesheni Akale a BeamNG.drive

Pa malo obenera nyimbo ku Mponela, ku Madisi kapena pa boma la Ntchisi, anyamata sachedwa kuunjikana pa foni imodzi. Akuonera kavidiyo ka pa Facebook kapena TikTok: lole ikutsika phiri, mabuleki akana, yakagunda chipupa, boneti n'kupindika ngati chitini cha Fanta choponderezedwa. Wina amalumbira kuti ndi ngozi yeniyeni, mpaka mnzake atamuuza kuti ayi, ndi gemu, dzina lake BeamNG.drive. Kenako mwini laputopu amaisaka, amaiika, ndipo laputopuyo imangolira ngati chigayo, zithunzi zikudumphadumpha. Apa ndi pomwe pamatulukira malangizo odziwika aja akuti "ikani yakale, yatsopanoyi ndi yolemera." Mafunso ali m'munsiwa ndi a anthu amene afika pamenepo.

Kodi gemu imeneyi ikusiyana pati ndi magemu ena oyendetsa galimoto?

Magemu ambiri amatenga galimoto ngati njerwa yokhala ndi matayala. Ikagunda mtengo, gemu imangosintha chithunzi, n'kuika china cha galimoto yophwanyika chomwe anachijambuliratu. Mugunde kakhumi, kuphwanyika kwake n'komweko.

BeamNG.drive siitero. Kumbukirani galimoto za mawaya zomwe tinkapanga tili ana, zija tinkayendetsa ndi chiwongolero cha bango kapena cha waya wautali. Pamene mawaya akumana tinkamanga mfundo ndi mphira wa chubu. Galimoto ya m'gemuyi anaimanga chimodzimodzi, kungoti mawaya ake ndi a masamu. Ili ndi timfundo mazanamazana, kalikonse kali ndi kulemera kwake, ndipo timalumikizidwa ndi timitanda zikwizikwi. Pa Chingerezi amati nodes ndi beams. Kamtanda kalikonse kamachita ngati sipuling'i: mukakakanikiza pang'ono kamabwerera, mukapyola muyeso kamapindika osabwereranso, mukapitiriza kamaduka. Kompyuta imawerengera mphamvu zokoka ndi zokankha pa timitanda tonseti ka 2,000 pa sekondi imodzi. Chithunzi chokongola chomwe mukuona pa sikirini ndi chovala chabe chomwe avundikira pa mafupa amenewa.

Ndiye chifukwa chake ngozi ziwiri m'gemuyi sizifanana. Mukagunda mwala ndi tayala lakumanzere, chitsulo chogwira tayalalo chimapindika, ndipo galimoto imayamba kukokera kumanzere mpaka mutaikonza. Mukaboola radiyeta, madzi amatha, injini imatentha n'kufa. Makaniko aliyense wa pa galaja akaona zimenezi amagwedeza mutu, chifukwa ndi zomwe amakumana nazo tsiku ndi tsiku.

Anaipanga ndani, ndipo mavesheni akalewo ndi ati?

Muzu wake ndi gemu ina yotchedwa Rigs of Rods, yomwe Mfalansa wina, Pierre-Michel Ricordel, anaiyamba mu 2005. Mu 2009 anatsegula malemba ake onse kuti aliyense athe kuwaona ndi kuwasintha. Ena mwa anthu omwe ankathandiza pa gemuyo anapatuka mu 2011 kukayamba ntchito yatsopano, ndipo kampani yawo, BeamNG GmbH, ili mumzinda wa Bremen ku Germany. Mu 2012 anaonetsa kavidiyo koyamba komwe kanadabwitsa anthu ambiri. Mu Ogasiti 2013 anatulutsa kachidutswa kaulere kongolawitsa, kokhala ndi galimoto imodzi, pikapu yotchedwa Gavril D15, ndi bwalo limodzi loyeserapo lotchedwa Gridmap. Pa 29 Meyi 2015 gemuyi inayamba kugulitsidwa pa Steam, msika wa magemu wa pa intaneti, ngati yosamaliza, kuti anthu azisewera ntchito yoikonza ili mkati.

Kuchokera pamenepo, chaka chilichonse pamatuluka mavesheni angapo, ndipo manambala ake amayamba ndi ziro: 0.5, 0.16, 0.23, 0.30 ndi ena otero. Munthu akati "yakale" angatanthauze ya 2013 ija ya galimoto imodzi, kapena ya chaka chatha yomwe ikusiyana pang'ono chabe ndi ya lero. Choncho funso loyamba kumufunsa wokulangizaniyo ndi lakuti, yakale iti?

Mayina a magalimoto ake, monga Gavril, Ibishu, Hirochi, Bruckell ndi ETK, ndi opeka. Simupezamo Toyota kapena Nissan, ngakhale ena akufanana kwambiri ndi omwe timakwera.

N'chifukwa chiyani munthu angasiye chatsopano n'kufuna chakale?

Kunja kuno ena amatero chifukwa chongokumbuka kale, kufuna kuona momwe galimoto ina inkaonekera asanaijambulenso. Ena ali ndi ma mod, kutanthauza magalimoto kapena mabwalo opangidwa ndi osewera anzawo, omwe anasiya kugwira ntchito gemu itasinthidwa.

Kwathu kuno chifukwa chachikulu ndi chimodzi: makompyuta omwe tili nawo. Ambiri ndi ma ex-UK ogulidwa ku Lilongwe, kapena obwera ndi m'bale wochokera ku Joni, omwe anagwirapo kale ntchito zaka zisanu mu ofesi ya munthu wina. RAM yake ndi 4 GB, mwamwayi 8 GB, ndipo alibe graphics card yapadera. Pomwe tsamba la gemuyi pa Steam likuti vesheni ya masiku ano imafuna 16 GB pochepetsetsa, ndipo kuti iyende momasuka akuti 32 GB. Imadyanso malo okwana ma GB makumi angapo pa hard disk. Chachiwiri ndi bandulo. Gemu ikasinthidwa, Steam imafuna kutsitsa zosinthazo, nthawi zina ma GB ambirimbiri, ndipo munthu wodalira bandulo ya Airtel kapena TNM amalakalaka gemu yomwe ingokhala phee osasintha.

Ndiye ndikaika yakale, laputopu yanga ipepukidwa?

Mwina, koma osati monga ambiri amaganizira, ndipo apa ndi pomwe ndimatsutsana ndi alangizi a pa malo obenera nyimbo aja.

Gemuyi imalemetsa kompyuta mbali ziwiri zosiyana. Mbali yoyamba ndi ya maso: mithunzi, kunyezimira kwa penti, udzu, mitengo, kukula kwa bwalo. Katundu ameneyu amasenzedwa ndi graphics card ndi RAM, ndipo n'zoona kuti wakula kwambiri ndi zaka. Vesheni 0.23 ya mu 2021 inabweretsa njira yatsopano yojambulira kuwala pa zitsulo ndi magalasi, ndipo mabwalo monga Italy ndi West Coast USA ndi aakulu kuposa omwe analipo mu 2015. Ngati vuto lanu ndi RAM yochepa, kotero kuti gemu imatseka yokha bwalo lisanamalize n'kutseguka komwe, vesheni yakale ingakuthandizenidi.

Mbali yachiwiri ndi masamu a timitanda aja, ndipo amenewa amasenzedwa ndi purosesa. Ka 2,000 pa sekondi kaja sikanayambe dzulo, kanalipo kuyambira pachiyambi. Galimoto iliyonse yomwe mwaika pa bwalo imafuna gawo lake la purosesa, ndiye ngati purosesa yanu ili ndi ma core awiri, galimoto imodzi iyenda, ziwiri ziyamba kukwawa, basi yaikulu yokoka ngolo ndiye musaiyerekeze n'komwe. Vesheni yakale siichotsa mtolo umenewu. Komanso opanga gemuyi akhala akukonza masamuwo chaka ndi chaka kuti azithamanga, ndiye kubwerera m'mbuyo kwambiri ndi kutayanso zokonzazo.

Pali njira yosavuta yodziwira chomwe chikukupwetekani. Tsegulani bwalo laling'ono lopanda mitengo, ikani galimoto imodzi yaing'ono monga Ibishu Covet, tsitsani zithunzi pa Lowest, zimitsani mithunzi, chepetsani resolution kufika 1280 x 720. Ikayenda bwino, ndiye kuti vuto linali la maso, ndipo simukufunikanso vesheni yakale. Tsopano dinani J, batani loimitsa masamu onse. Ngati zithunzi zapepuka kwambiri mutaimitsa, n'kulemeranso mutadinanso J, ndiye kuti purosesa ndi yomwe yatopa, ndipo palibe vesheni yomwe ingaipatse mphamvu yomwe ilibe.

Kunena zoona, ndalama yomwe munthu angawononge pa mabandulo otsitsira mavesheni atatu kapena anayi poyesa mwayi, ikanathandiza kwambiri akanagulira RAM ina yowonjezera, kapena SSD yolowa m'malo mwa hard disk yakale ija. Izi zimathandizanso Word ndi Excel, osati gemu yokha.

Chabwino, ndatsimikiza mtima. Ndiipeza bwanji yakaleyo mosaba?

Choyamba muyenera kukhala kuti munaigula pa Steam. Mtengo wake wakhala pa madola 24.99, ndipo umatsika nthawi za malonda otsitsa mitengo. Vuto la ife ndi kalipiridwe. Steam siilandira Airtel Money kapena Mpamba, imafuna khadi la Visa kapena Mastercard lololedwa kulipira kunja, ndipo aliyense akudziwa momwe ndalama zakunja zavutira, makamaka chichepetsereni mphamvu ya kwacha ndi 44 peresenti mu Novembala 2023. Ambiri amadalira m'bale wa ku Joni kapena ku UK kuti awagulire.

Mukakhala nayo, yambani mwaona njira yapafupi. Pa Steam, dinani dzina la gemu ndi batani lakumanja la mausi, sankhani Properties, kenako Betas. Makampani ena amaika mavesheni akale pamenepo. SCS Software ya ku Prague, yomwe inapanga Euro Truck Simulator 2, imatero ndithu. Mukapeza vesheni yomwe mukufuna pa mndandandawo, isankheni, mwatha.

Ikapanda kupezeka, pali njira yachiwiri yofuna kudekha. Steam imasunga zinthu m'magulu otchedwa ma depot, ndipo nthawi iliyonse gemu ikasinthidwa pamalembedwa nambala yaitali yotchedwa manifest, yomwe ili ngati lisiti la mafayilo a tsikulo. Tsamba la SteamDB limaonetsa manambala amenewa pamodzi ndi masiku ake. Nambala ya BeamNG.drive pa Steam ndi 284160. Dinani batani la Windows pamodzi ndi R, lembani steam://open/console, ndipo pa kabokosi kotsegukako lembani download_depot, kutsatiza 284160, nambala ya depot, ndi nambala ya manifest yomwe mwasankha. Mafayilo amakagwera mu foda ya steamapps, m'kati mwa ina yotchedwa content. Gemu imodzi ikhoza kukhala ndi ma depot angapo, ndiye onetsetsani kuti onse mwatenga a tsiku limodzi.

Njirayi ili ndi khalidwe loipa limodzi: siikuuzani kuti yafika pati. Mumangodikira ngati wodikira minibasi kuti idzaze pa Dowa Turn-off. Nthawi zina imakana kumene. Pali kapulogalamu kaulere kotchedwa DepotDownloader, kopezeka pa GitHub, komwe kamagwira ntchito yomweyi koma kakuonetsa maperesenti. Kamafuna kuti mulowe ndi akaunti yanu ya Steam, choncho katengeni pa tsamba la eni ake basi, osati kwa munthu wokutumizirani pa WhatsApp.

Werengeraninso nthawi musanayambe. Pa netiweki ya 5 Mbps, ma GB 20 amatenga pafupifupi maola 9, ndipo uko ndi kuganiza kuti netiwekiyo siigwa, zomwe kuseri kwa mapiri a Ntchisi ndi maloto. Ngati muli ndi ulendo wa ku Lilongwe, kuli bwino kukatsitsira komweko n'kubwera nayo pa hard disk.

Mnzanga ali nayo pa fulashi yaulere, ndipo wina akuti ilipo ya pa foni. Bwanji ndisangotenga imeneyo?

Ya pa foni ija iiwaleni. BeamNG.drive siinapangidwire Android. Mafayilo a APK okhala ndi dzina lakelo ndi magemu ena ovala chovala cha eni, kapena misampha yodzaza foni ndi zotsatsa malonda, mwinanso kuba zinsinsi zanu. Pa foni yomwe muli Airtel Money kapena Mpamba wanu, kumeneko ndi kuitana fisi kukhola. Wofuna gemu ya pa foni atenge Bus Simulator Indonesia, yomwe ndi yovomerezeka ndipo ambiri amaipenta mitundu ya mabasi akwawo, ngakhale kuphwanyika kwake sikufika pa BeamNG.

Ya pa fulashi ndi yobedwa, ndipo nthawi zambiri imakhaladi vesheni yakale, n'chifukwa chake anthu ambiri kuno amadziwa yakale osadziwa n'komwe kuti ndi yakale. Kupatula nkhani ya kuba thukuta la eni, pali chomwe ndinadzionera ndekha. Ndinabwereka fulashi yotere pa kashopu kena, ndipo malangizo ake oyamba anali akuti ndizimitse antivirus. Ndinazimitsa. Mawa lake mafoda anga onse anali atasanduka ma shortcut, kuphatikizapo ya ntchito yomwe ndinali nditalemba sabata yathunthu. Gemu ndinaisewera masiku awiri, kukolopa laputopu kunanditengera anayi.

Amene alibe madola asadandaule, Rigs of Rods ikadalipo, ndi yaulere mwalamulo, imayenda pa Windows ndi Linux, ndipo makompyuta ofooka amaikwanitsa. Zithunzi zake n'zachikale ndithu, koma mafupa ake ndi a timfundo ndi timitanda omwe aja. Kwa laputopu ya 4 GB, ine ndimayamba kulangiza imeneyi.

Ndaiika, koma galimoto ikuoneka ya olenji yolembedwa NO TEXTURE, ndipo ina ikuphulika yokha. Chalakwika n'chiyani?

Mwasakaniza mafayilo a mibadwo iwiri. Gemuyi imasunga zinthu zanu, monga ma mod, ma setting ndi cache, mu foda yapadera yomwe siili pamodzi ndi gemuyo. Mavesheni akale ankaisunga mu Documents, atsopano amaisunga mu AppData. Vesheni yakale ikawerenga zomwe yatsopano inasiya, kapena mod yopangidwira vesheni ina, imasokonezeka. Mtundu wa olenji uja ukutanthauza kuti yalephera kupeza penti yoyenera. Kuphulika kuja kumabwera pamene manambala a timitanda, olembedwa m'mafayilo otchedwa JBeam, sakugwirizana ndi masamu a vesheniyo.

Mankhwala ake ndi ukhondo basi. Vesheni yakale ikhale mu foda yakeyake, kunja kwa foda yomwe Steam imayang'anira, kuti isadzaisinthe usiku inu muli m'tulo. Musanaitsegule, sunthani foda ya zinthu zanu n'kuisunga pena. Fufutani cache. Itseguleni yopanda mod ngakhale imodzi, ndipo ikayenda bwino muziwonjezera imodziimodzi, posankha zopangidwa m'chaka chofanana ndi vesheni yanu. Ikadandaula kuti fayilo ina ya DLL ikusowa, kawirikawiri ikufuna DirectX yakale ya June 2010 kapena Visual C++, zomwe Microsoft imapereka ulere.

Dziwaninso kuti mwadzipatula. BeamMP, yomwe anthu amasewerera limodzi pa intaneti, imatsatira vesheni yatsopano, ndipo vuto lomwe eni gemu analikonza kalekale inu muzikhala nalobe.

Kompyuta yanga ikadali pa Windows 7. Pali chiyembekezo?

Steam inasiya kuthandiza Windows 7, 8 ndi 8.1 pa 1 Januwale 2024, ndiye njira zodzera pa Steam sizodalirikanso pamenepo. Ikani Windows 10 ngati makinawo angakwanitse, podziwa kuti nayonso Microsoft inaika 14 Okutobala 2025 ngati tsiku losiya kuisamalira mwa nthawi zonse. Apo ayi, Rigs of Rods.

Nanga magetsi athu ozimazimawa?

Laputopu ikakhala pa batire imadzichepetsera mphamvu yokha kuti isunge moto, ndipo gemu yomwe imayenda bwino pa soketi imayamba kukwawa magetsi a ESCOM akangothima. Amene ali pa sola aonetsetse kuti inveta yawo ikukwanitsa, chifukwa laputopu yosewera gemuyi imakoka moto wambiri kuposa yolemba kalata. Wa desktop wopanda UPS asatsitse mafayilo aakulu pa nthawi yomwe akudziwa kuti dera lake lizimitsidwa. Tonse tikukumbukira miyezi ija Namondwe Ana atawononga Kapichira mu Januwale 2022.

Mdani wamkulu koposa ndi fumbi. Kuyambira Ogasiti mpaka mvula yoyamba, fumbi lofiira la m'misewu yathu limalowa mu fani n'kutseka mpweya. Purosesa ikatentha imadzibweza yokha kuti isapse, ndipo mwiniwake amaimba mlandu vesheni ya gemu. Musaseweretse laputopu pa bulangete kapena pa matiresi. Ikwezeni kumbuyo ndi kathabwa, ndipo kamodzi pa chaka ipititseni kwa wodziwa kuti akapukute fani n'kupaka thermal paste yatsopano. Ndaonapo laputopu yomwe inkaoneka yakufa ikutsitsimuka ndi zimenezi zokha.

Kodi mapiri a kwathu kuno alimo m'gemumo?

Mulibe. Mabwalo ake ndi a ku America monga Utah ndi Johnson Valley, wina wa ku Italy, ndi zilumba zopeka monga Jungle Rock Island. Chilumba chimenechi, ndi misewu yake yadothi yokhotakhota m'nkhalango, ndi chomwe chimandikumbutsako njira yokwera ku nkhalango ya Ntchisi nthawi ya dzinja.

Koma palibe choletsa kuwaikamo, ndipo ichi ndi chomwe ndimalakalaka achinyamata athu atachita m'malo mongogundanitsa magalimoto. Gemuyi ili ndi chida chomangira mabwalo, World Editor, chomwe chimatseguka ndi F11, ndipo chilimo ngakhale m'mavesheni akale. Chimalandira chithunzi chotchedwa heightmap, momwe poyera ndi pokwera ndipo pakuda ndi potsika. Miyeso ya mapiri athu ilipo kale, yaulere. Mu Febuluwale 2000 chombo cha NASA chotchedwa Endeavour chinayeza kukwera ndi kutsika kwa nthaka ya mbali yaikulu ya dziko lapansi, pa ntchito yotchedwa SRTM, ndipo mu 2014 miyeso ya Africa ya mamita 30 inatsegulidwa kwa aliyense. Ndi pulogalamu yaulere ya QGIS munthu angadule chigawo cha pakati pa Chezi ndi Mvera, pomwe msewu wa M14 umatsetsereka kulowera ku Salima, n'kuchisandutsa bwalo. Miyeso ya mamita 30 siionetsa ngalande kapena maenje, ndiye msewu weniweniwo muyenera kuusalaza ndi kuujambula pamanja. Ndi ntchito ya masabata, osati ya madzulo amodzi.

Luso lake silikusowa kwathu kuno. Ku Dzaleka, komwe kwakhala msasa wa othawa kwawo kuyambira 1994, kuli achinyamata omwe aphunzira kulemba mapulogalamu a kompyuta ku malo monga TakenoLAB. Gemuyi imagwiritsa ntchito chilankhulo cha Lua, ndipo mafayilo a JBeam amatseguka ndi Notepad wamba. Wophunzira yemwe wasintha kulimba kwa sipuling'i n'kuona galimoto ikudumpha ngati chule waphunzira fizikisi yomwe bolodi ndi choko zimavutika kuifotokoza. Langizo limodzi kwa womanga: mangirani pa vesheni yomwe anzanu ambiri ali nayo, chifukwa bwalo lomangidwa pa yatsopano nthawi zambiri silitseguka bwino pa yakale.

Bambo anga akuti ndikungotaya nthawi. Kodi gemuyi ingaphunzitse munthu kuyendetsa galimoto?

Bambo anu akulondola theka. Layisensi imachokera ku Road Traffic mutadzera ku sukulu yoyendetsa galimoto, ndipo kiyibodi siingakuphunzitseni kumva kilatchi ndi phazi. M'gemumo mulibe wakabaza wonyamula matumba atatu a makala, mulibe ngolo ya ng'ombe yopanda nyali madzulo, mulibe mbuzi, mulibe khamu la tsiku la msika pa Chezi lodzaza mpaka pa tala. Mabwalo ake ambiri amayendera kumanja pomwe ife timayendera kumanzere. Choopsa kwambiri ndi batani la R. Mukalidina, galimoto yophwanyika imabwerera yatsopano nthawi yomweyo, ndipo m'kati mwake munalibe munthu, chifukwa gemuyi siionetsa matupi kapena magazi. Wosewera wosaganiza angazolowere kuti ngozi ndi nthabwala.

Theka linalo ndi lanu. Pali zinthu zomwe sukulu yoyendetsa galimoto imangonena pakamwa, chifukwa palibe mphunzitsi angalole kuti muziyese ndi galimoto yake. Kampani yopanga gemuyi ilinso ndi mtundu wina wa pulogalamuyi, BeamNG.tech, womwe ofufuza za magalimoto amagwiritsa ntchito, ndiye masamu ake si achibwana.

Yesani izi. Gundani chipupa pa liwiro la makilomita 50 pa ola, kenako pa 100, n'kufanizira. Liwiro lawirikiza kawiri, koma mphamvu ya kugundako yawirikiza kanayi, chifukwa imakula molingana ndi liwiro kuchulukitsa ndi liwiro lomwelo. Mtunda woimira mutaponda mabuleki umakulanso chimodzimodzi. Kenako tengani pikapu ya Gavril, ikani katundu wolemera pamwamba, lowani pokhota ndi liwiro lomwe munadutsa nalo bwinobwino ili yopanda kanthu. Muona matayala a m'kati akunyamuka. Ndi zomwe zimachitikira lole yosanjikiza mabelo a fodya paulendo wa ku okushoni ku Kanengo, kapena Sienta yomwe yamangirira matumba a soya padenga, anthu khumi ali m'kati.

Phunziro lomwe likutikhudza kwambiri ife a kumapiri ndi la mabuleki, ndipo apa vesheni yomwe mwasankha ili ndi kanthu. Mabuleki amaimitsa galimoto posandutsa liwiro kukhala kutentha. Dalaivala akamatsika mtsetse wautali phazi lili pa buleki, kapena ataika fili kuti apulumutse mafuta, zitsulo zimatentha mpaka kusiya kugwira, ndipo amaponda pansi galimoto osamva. Madalaivala akale a malole amadziwa kuti giya yomwe wakwerera phiri ndi yomwenso utsikire, kuti injini izigwira galimoto. Mavesheni a zaka zaposachedwa amawerengera kutentha kwa mabuleki, kotero mungathe kutsika phiri limodzi kawiri, koyamba ndi phazi, kachiwiri ndi giya yotsika, n'kudzionera kusiyana kwake. Mavesheni oyambirira aja analibe zimenezi. Mabuleki ake satopa, ndipo lole yodzaza imaima bwinobwino pansi pa phiri lomwe pa msewu weniweni ikanapitirira mpaka kuphompho.

Choncho ngati mukufuna kuwaonetsa bambo anu kanthu, musabwerere mpaka 2015. Sankhani vesheni yaposachedwa yomwe laputopu yanu ingapirire, tsitsani zithunzi mpaka pansi, kwezani Gavril T-Series ndi ngolo yodzaza pamwamba pa phiri la ku Utah kapena Italy, n'kuwapatsa kiyibodi kuti atsike nayo okha.